Kamfiti ka ku Clondalkin

Ndinali ndi zaka thwelofu pamene Amalawi a mu Dublin anagwirizana zoti ine ndine mfiti. Lero ndikamafotokoza anthu amaseka, nanenso nthawi zina ndimaseka nawo, koma panthawiyo choseketsa panalibe. Tinkakhala awiri, ine ndi amayi, m'kanyumba ka zipinda ziwiri ku Clondalkin, kumapeto kwa mzere wa nyumba zofanana zokhazokha. Ku Ireland ndinafika ndili ndi zaka eyiti kuchokera ku Chilomoni, choncho Chichewa ndinali nacho, kungoti ndinkachiumira. Amayi akandilankhula m'Chichewa ndinkawayankha m'Chingerezi, monga amachitira ana ambiri okulira kuno.

Amayi ankagwira ntchito yosamalira okalamba, mashifiti a maola thwelofu, ndiye ndikaweruka kusukulu nyumba inkakhala yanga. Mnzanga wa masana anali laputopu yakale imene inkatentha ngati mbaula ikangoyaka ola limodzi. Pamenepo ndi pamene ndinapeza makatuni a ku Japan, aja amati anime, ndipo pa onsewo panali imodzi imene inandilowa m'magazi. Inali nkhani ya achinyamata osewera gemu, koma gemu yake sinali yogwira m'manja ayi. Munthu ankavala chipewa cholimba chophimba mutu ndi maso, n'kugona pabedi chagada. Thupi linkatsala pomwepo lili zii, mwiniwake n'kupezeka ali m'dziko lina, lupanga kumsana, akuthamanga m'nkhalango ndi kumenyana ndi zilombo pamodzi ndi anzake. Tsoka lake linali loti anthuwo anakodwa mkatimo osatha kutuluka, ndipo wofera mu gemu ankafa zenizeni.

Ndinaikonda katuni imeneyo mopitirira muyeso, ndipo chifukwa chake ndikuchidziwa. M'kalasi mwathu wakuda ndinali ndekha, ndipo dzina langa loti Tamanda aphunzitsi ankalitafuna chaka chonse osalimeza. Koma mu gemu muja palibe ankafunsa kuti kwanu n'kuti kapena udzabwerera liti. Ukadziwa kumenya nkhondo, basi, ndiwe munthu. Ndinali ndi kope lalikulu limene ndinkadzijambulamo ndekha ndili m'dziko limenelo, khungu langa lomweli, tsitsi loluka, mkondo wautali m'manja. Kenako tinamva kuti ku Drumcondra, pafupi ndi bwalo lalikulu la masewero la mu Dublin, kudzakhala msonkhano wa okonda makatuniwa, kumene anthu amavala ngati a m'katuni. Ine ndi mnzanga Tiyamike, mtsikana wa Chimalawi wa ku Ballymun, tinapangana kuti kumeneko sitikaphonya. Ndinatenga chipewa chakale cha njinga, makatoni a phala lam'mawa, guluu ndi penti wa siliva, n'kuyamba kupanga chipewa changa cholowera mu gemu. Chinanditengera miyezi itatu, ndipo chitatha chinali chokongola kwabasi.

Tsono panali Anti Eneless. Sanali m'bale wathu wamagazi. Iwo ndi amayi anakumana ku hositelo ya anthu opempha malo okhala, ine ndisanabwere, ndipo anagona chipinda chimodzi zaka zitatu akudikira mapepala. Ubale wa kumeneko umaposa wa bere limodzi. Ankakhala ku Ballymun koma anali ndi kiyi wa nyumba yathu, ndipo amayi akakhala pa shifiti yaitali ankabwera kudzandiona. Ku Balaka anasiya ana atatu kwa agogo awo. Wamng'ono, Mphatso, anamusiya atangosiya kuyamwa, ndipo panali patatha zaka seveni asanamuonenso. Chithunzi chake chinali pa foni yawo, atavala malaya ofiira a mpira amene anamutumizira okha, ndipo aliyense wokhala nawo pafupi m'basi ankaonetsedwa, afune asafune.

Loweruka lina masana, penti atangouma, ndinavala chipewa chija n'kugona pabedi chagada, manja pachifuwa, kuyeserera mmene amachitira a m'katuni akamalowa. Ndinkafuna ndione ngati ndingathe mphindi faifi osagwedezeka. Kutseguka kwa chitseko sindinakumve. Chimene ndinamva ndi mfuu.

"Mayo ine! Yesu, Maria, Yosefe! Tamanda!"

Ndinadzambatuka n'kuvula chipewa. Anti Eneless anali ataima pakhomo la chipinda, jumbo ya malalanje itagwa pansi, dzanja lili pakamwa. Anandifunsa kuti ndikutani, ndipo ine, mmene ndinkanyadira chipewa changa, ndinafotokoza zonse ndi mtima umodzi, Chichewa ndi Chingerezi kusakaniza.

"Thupi limatsala pabedi, Anti, koma iweyo umapita kwina. Kumeneko umakumana ndi anzako, mumapha zinthu. Ukafa kumeneko ndiye kuti wafa kunonso."

"Wakuphunzitsa ndani zimenezi?"

"Ndinazipeza ndekha. Tiya ndinamuonetsa ndine."

Ndinaona nkhope yawo ikusintha, koma sindinadziwe kuti ndadzikolezera moto. Ndinadzamva pambuyo pake kuti kwathu ndi mmene amanenera za ana ophunzitsidwa ufiti: thupi limagona pamphasa, mwiniwake ali kumanda ndi anzake. Ine zimenezo ndikanazidziwira kuti? Ndinathamangira laputopu kuti ndiwaonetse, koma anakana kuyang'ana, akuti zinthu zotero zimalowera m'maso. Anandilanda chipewa, n'kuchiika pansi, n'kuchiponda ndi nsapato zawo zantchito zija zolimba ngati za asilikali. Ndinamva makatoni akuphwanyika, miyezi yanga itatu. Kope analiika mu sinki n'kulithira madzi odalitsidwa amene ankayenda nawo m'kabotolo, ndipo ataona kuti madziwo achepa anatsegula mpopi. Ndinaima pomwepo ndikuona nkhope zanga zonse zimene ndinajambula zikusungunuka n'kutsikira m'paipi. Ndinakuwa mpaka mawu anatha, iwo akungopemphera mokweza.

Amayi asanatsike basi ya kuntchito, nkhani inali itafika kale ku Ballymun, ena amati mpaka ku mzinda wakutali wa Cork. Ndipo nkhani ikamayenda imanenepa. Pofika kwa mayi wachitatu ndinali nditavomera ndekha kuti ndimatuluka m'thupi. Pofika kwa wachisanu ndinali nditatchula ana a eni amene ndimawatenga. Amayi atamva anayamba aseka, akuganiza kuti ndi nthabwala. Ataona zidutswa za chipewa mu bini ndi maso anga otupa, kuseka kunatha. Anawaimbira Anti Eneless, ndipo ndinamva kudzera kukhoma akuti, "Eneless, mwana wa mnzako ngwako yemwe, inde, koma wako ukanamuchita zotere? Ukanaimbira dziko lonse usanandifunse ine mayi wake?"

Kamodzi pamwezi Amalawi a Chikatolika tinkakumana pa tchalitchi china ku Drumcondra. Wansembe wa kwathu ankachita Misa m'Chichewa, kenako tinkamwa tiyi ndi mandasi mu holo. Lamulungu lotsatira ndinaona ndi maso anga chimene dzina loipa limachita. Pa benchi imene tinakhala, anthu anasuntha pang'onopang'ono mpaka panatsala malo oti munthu n'kugonapo. Mu holo ndinatambasula manja kuti ndinyamule khanda limene ndinkalinyamula mwezi uliwonse, mayi wake n'kulitembenuzira phewa lina, akumwetulira ndithu. Tiyamike anandiyang'ana ali patali, amayi ake atamugwira padzanja ngati akuwoloka naye msewu. Mbale ya mandasi imene ndinaikapo ine patebulo inatsala yodzaza, pamene mbale zina zonse anazinyambita.

Apo amayi anaimirira. Amayi anga ndi munthu wofatsa, wosakonda zolankhula pagulu, koma tsiku limenelo anagogoda supuni pa kapu mpaka holo yonse inati zii.

"Mwana wanga si mfiti," anatero. "Ndi katuni. Zidole zojambula. Ngati alipo wamuona akuuluka, aimirire pano anene."

Palibe anaimirira. Komanso palibe anatenga ndasi m'mbale muja.

Zimene amayi anachita masabata otsatirawo, panthawiyo sindinaziwerengere n'komwe. Tsiku lawo lopuma likafika, m'malo mogona ankaika laputopu m'chikwama n'kukwera mabasi awiri, nyumba ndi nyumba, kukaonetsa azimayi katuni ija. Kuti athe kuifotokoza anayamba aionera okha, magalasi ali pamphuno, akulakwitsa mayina onse, akundifunsa kuti nanga mnyamata uyu bwanji sakudya. Anapita kwa Mayi Chirwa, mkulu wa gulu la azimayi. Anapita kwa amake Tiyamike kawiri. Anapita kwa wansembe, amene anaseka mpaka kutsokomola n'kulonjeza kuti alankhula ndi Anti Eneless. Ankabwerako miyendo itatupa, n'kundiuza kuti, "Zikutheka, mwanangu, ingopirira. Dzina lako tilichapa."

Koma ine sindinkafuna kuchapidwa. Ndinkafuna Anti Eneless alire. Ndinkawada, abale, ndinkawada ndi mtima wonse wa mwana wa zaka thwelofu, umene sudziwa polekezera. Tsiku la msonkhano wa ku Drumcondra linafika n'kudutsa ine ndili m'chipinda, wopanda chipewa, wopanda mnzanga. Ndikatseka maso ndinkaona nsapato ija ikutsika. M'basi ya kusukulu ndinkakonza chilango chawo, m'kalasi ya masamu ndinkachikonzanso. Ndinaganiza zowathirira mchere mu tiyi, ndinaona kuti zachepa. Ndinaganiza zoponya foni yawo mu ngalande, ndinaona kuti agula ina. Ndinkafuna chinthu choti chiwapweteke pamene panandipweteka ine, pa chinthu chimene ankachikonda koposa. Ndipo tsiku lina ndikutsuka mbale pa sinki yomwe ija, nzeru inabwera yokha. Akuti ndine mfiti? Chabwino. Aione mfitiyo.

Ndinakonza mawu anga, ndipo ndinawakonza m'Chichewa chenicheni, chopanda liwu limodzi la Chingerezi, chifukwa ndinadziwa kuti akamva Chichewa chotero chikutuluka m'kamwa mwanga thupi lichita tsemwe. Ndinkayeserera pa galasi la m'bafa, maso osaphethira, mawu otsika. Ndinawasunga mawuwo masabata atatu ngati munthu wosunga mpeni m'thumba.

Lamulungu lina masana amayi anakolopa nyumba, n'kutulutsa makapu a alendo, n'kundiuza kuti ndivale diresi. "Anti ako akubwera," anatero, "ndipo ukhale ndi ulemu." Nkhope yawo inali yowala mmene ndinali ndisanaionere kwa mwezi wathunthu, koma ine sindinafunse chifukwa. Kunja kunkagwa kamvula kaja ka ku Dublin kosatha, ndipo m'nyumba munkanunkhira tiyi wa jinja. Anafika atatu: Mayi Chirwa patsogolo, amake Tiyamike, ndi Anti Eneless pambuyo, atamanga chitenje cha mpingo pamwamba pa jinzi, jumbo yolemera ili m'manja.

"Tamanda mwanangu," anatero Anti, "tabwera undilandire."

Anandipatsa jumboyo ndi manja awiri. Munali nkhuku yathunthu, yolimba ija ya ku shopu ya Aafirika imene imakoma ngati ya kumudzi, ndi kapaketi ka nthutumba pambali. Ndinakaiponya pa kauntala n'kubwerera kudzakhala pa sitepe, ndikudikira. Kusukulu anatiphunzitsa kuti wolakwa amakuyang'ana m'maso n'kunena kuti pepa, ndalakwa chakuti. Ndinadziuza kuti akanena zimenezo, mwina, mwina ndithu, mpeni wanga ndiusiya m'thumba.

Sananene. Anakamba za mvula. Anakamba za mabasi a ku Ballymun amene amabwera awiri nthawi imodzi kapena osabwera n'komwe. Kenako anandiyang'ana n'kunena kuti ndakula, ndatalika ngati amayi anga. Anati nthutumba zija n'zanga ndekha, wina asazikhudze. Anati tsitsi langa lafumbwa, Loweruka abwera adzandiluke ndi manja awo. Mayi Chirwa ankangogwedeza mutu, akuti, "Eya, eya, ndi momwemo." Amake Tiyamike anawonjeza kuti Tiya wandisowa, ndidzapite ndikacheze. Amayi anali akumwetulira mu kapu yawo ya tiyi.

Ine magazi ankawira. Ati chiyani? Munthu wandiphwanyira chipewa, wandimizira kope, wandisandutsa mfiti mzinda wonse, ndiye abwere ndi nkhuku yozizira n'kumakamba za tsitsi langa ngati palibe chachitika? Asa! Ndinaimirira, n'kuyenda pang'onopang'ono mpaka pamaso pawo, n'kuwayang'ana mmene ndinkayang'anira galasi lija.

"Anti," ndinatero, "Mphatso ndinamuona dzana. Anavala malaya ake ofiira aja. Walowa nawo kwathu kuja. Koma iyeyo njira yotulukira sakuidziwa."

Kapu inagwa m'manja mwawo n'kusweka. Poyamba sanalire. Anangotsegula pakamwa, mpweya osatuluka, kenako panatuluka kulira kumene ndinali ndisanakumvepo, kwa pamaliro. Anatsetsereka pampando n'kugwa pansi pa tiyi wotayikayo, akufufuza foni m'chikwama. Anaimba ku Balaka, foni osalowa. Anaimbanso, osalowa. Ndiye mayi wa zaka zopitirira fote, wovala chitenje cha mpingo, anakwawa ndi maondo mpaka pa mapazi anga n'kundigwira akakolo.

"Ndibwezere mwana wanga, Tamanda. Tenga ine. Chonde mama, tenga ineyo. Iye sanakulakwire."

Ndinene zoona, poti ndikabisa apa nkhani yonseyi ilibe ntchito. Zinandikoma. Zinandikoma kuposa chilichonse chimene ndinali nditalawapo. Ndinayang'ana pamutu pawo, pa duku lonyowa ndi mvula, mumtima n'kumati, mwaona tsono, nanunso lirani. Amayi anandigwira paphewa n'kundigwedeza, akuti, "Nena kuti ukunama! Tamanda, nena msanga!" Ine ndinatseka pakamwa dala. Ndinkadziwa kuti liwu limodzi likwanira, koma ndinkafuna alire pang'ono pokha, alipire tsamba lililonse la kope lija. Bodza lija ndinalinena m'kanthawi kochepa, koma kukhala chete kuja ndinakusankha ndekha mphindi iliyonse.

Foni inalowa ulendo wachinayi. Agogo a ku Balaka anati mwana ali kubwalo akusewera mpira, ndipo anatuma wina kukamuitana. Tinadikira, Anti akulira motsitsa, foni itakanikizidwa kukhutu. Kenako tonse tinamva kamawu ka mnyamata, kopuma wefuwefu, kakufunsa kuti, "Amama, mwatumiza nsapato zija?" Anti anapsompsona foniyo, akuseka ndi kulira nthawi imodzi. Apo m'pamene kukoma kuja kunandithera, ndipo ndinati, "Ndimanama. Ndimangofuna kuwaopseza."

Mayi Chirwa anali ataimirira kale, chikwama chili kukhwapa, ataima kutali nane mmene chipindacho chikanalolera.

"Nanga malaya ofiirawo wawadziwa bwanji?" anafunsa.

"Ali pa foni! Aliyense anachiona chithunzi chija!"

Mayi Chirwa sanandiyang'ane n'komwe. Anatembenukira kwa amayi n'kunena motsitsa kuti, "Amake Tamanda, tinabwera ndi mtima wabwino. Koma tamva ndi makutu athu." Iwo ndi amake Tiyamike anawadzutsa Anti Eneless, mmodzi mbali iyi wina mbali inayo, n'kutuluka nawo mumvula muja, tiyi wawo asanamalize.

Ndinkayembekezera chibakera kapena lamba, ndipo ndikanakonda zikanakhala choncho. Amayi anatola zidutswa za kapu chimodzichimodzi, anakolopa tiyi, kenako anakhala pampando n'kumayang'ana nkhuku ija ikudontha madzi pa kauntala. Patapita nthawi anandifunsa, mawu ali otopa, ngati ndikudziwa chimene nkhukuyo inabwerera.

"Sananene kuti pepa," ndinatero, ndikuumabe mutu.

"Anena kanayi," anatero amayi. "Wamkulu sapepesa mwana ndi pakamwa, Tamanda. Wakupatsa jumbo ndi manja awiri, iwe mwana. Wakupatsa nthutumba, chakudya cha bambo wa nyumba. Wakuitana kuti mwanangu. Wanena pamaso pa mboni ziwiri kuti agwira mutu wako ndi manja ake, mutu umene ankati ndi wa mfiti. Ukuganiza kuti Mayi Chirwa anabwerera tiyi? Anabwera kuti akauze anthu onse kuti nkhani yatha. Ndayenda nyumba naini kuti tsiku la lero lifike."

Sanakweze mawu. Anavula magalasi n'kutikita maso, kenako anapita kukasita yunifolomu ya mawa.

Loweruka lotsatira amayi anagula nkhuku yawo, n'kundinyamulitsa ine, n'kukwera mabasi awiri mpaka ku Ballymun. Tinakwera masitepe, jumbo ikundidula zala. Amayi anagogoda, n'kunena kuti ndife, tabwera ndi mwana adzapepese. Tinamva mapazi akufika kuseri kwa chitseko, n'kuima. Ndinapepesa ndi pakamwa, m'Chichewa, kenako m'Chingerezi, kenako ndikungolira. Chitseko sichinatseguke.

"Ndakhululuka," anatero mawu a Anti kuseriko. "Pamaso pa Mulungu ndakhululuka. Koma mwanayo asalowe muno."

Tinaisiya nkhukuyo pakhomo. Kiyi wa nyumba yathu anatibwezera pa positi, mu envulopu yopanda kalata.

Mwezi wotsatira tinapitanso ku Misa ya Chichewa, ndipo ulendo uno benchi yonse inali yathu. Amayi sanagogodenso kapu. Akanati chiyani? Mwana wawo anali atavomera yekha pamaso pa mboni. Tinapitanso kamodzi, kenako tinasiya. Amayi anayamba kupemphera pa parishi ya pafupi ndi kwathu, kumene anthu ake ndi abwino ndithu koma Misa imatha mphindi fote popanda ng'oma, popanda nthungululu, popanda woti n'kumufunsa za kumudzi. Munthu amene anagona naye chipinda chimodzi zaka zitatu akudikira mapepala anamutaya chifukwa cha ine. Sanandinenepo za zimenezi ngakhale tsiku limodzi.

Pano ndili ndi zaka twente foro. Ndimagwira ntchito yojambula pa kompyuta, ndipo chipewa chenicheni cholowera mu gemu ndili nacho, chogula, chimene chimachitadi zimene ndinkalota. Musaganize kuti ndasanduka woyera mtima. Ndikakumbukira nsapato ija ikuponda makatoni anga, mtima umawirabe, ndipo sindinasinthe maganizo oti Anti Eneless anandilakwira koopsa. Munthu wamkulu sanamizira mwana chinthu chotero n'kuchimwaza pa foni dzuwa lisanalowe. Koma ndikudziwanso tsopano chimene chinawachititsa kukuwa tsiku lija. Mayi amene ana ake ali kutsidya kwa nyanja, osatha kuwafunditsa kapena kuwagwira pamphumi, amaopa chilichonse chimene chingafike kwa mwana iye kulibe. Mantha amenewo ndinawadziwa bwino lomwe, n'chifukwa chake ndinalasa pomwepo.

Chimene sindinkachidziwa n'choti kubwezera kuli ndi mtengo, ndipo kawirikawiri wolipira sakhala wobwezerayo. Bodza la Anti Eneless linali la munthu mmodzi wamantha, ndipo amayi anali atalitsuka ndi miyendo yawo mpaka linatsala pang'ono kuyera. Langa linali la mwiniwake, ndipo loterolo silichoka. Chaka chatha pa ukwati wina wa Amalawi kuno ku Dublin, mtsikana amene sindimudziwa n'komwe, wobwera chaposachedwa, atamva dzina langa anakokera mwana wake kumbuyo kwa siketi. Ine ndinangoseka. Koma amayi anali pambali panga ndipo anaona, n'kuika mbale yawo pansi, n'kundifunsa ngati tingathe kumapita basi isanatithawe. Tinatuluka keke asanadule.